Maliro Anga a ku Bradford

Inu ana anga ndi zidzukulu zanga, za ubwana wanga ku Ntcheu sindilemba. Mukazifuna mukafunse azakhali anu, ngakhale iwo nkhani iliyonse amaithira mchere. Ine ndikulemba za ntchito imene ndinagwira kuno ku Mangalande mpaka ndinapuma, makamaka za tsiku lija anthu anabwera kudzandilira ndili moyo. Nkhani imeneyi aliyense amaikamba mmene akufunira, m'maukwati ndi m'magalimoto, koma palibe anabwera kudzafunsa mwini maliro. Ndiye mverani kwa ine.

2010, Bolton

Ndinafika kuno ndili kale ndi imvi. Kwathu ndinali telala, ndinkasoka pakhonde la sitolo ina ku Limbe, koma kuno palibe anandifunsa za makina. Mwana wanga Chisomo, amene ndi namwino, anandipezera ntchito yochapa ndi kusita zovala m'nyumba yosamalira okalamba. Bwana wathu anali mayi wachizungu womwetulira ndi mano okha, maso ali gwa. Sopo ankapereka ngati mankhwala a kuchipatala, magolovesi ankatha mwezi usanafike pakati, ndipo sokosi ya nkhalamba ikasowa, maso onse ankatembenukira kuchipinda chathu chochapira. Ndinaphunzira msanga kutseka pakamwa ndi kutsegula maso.

Nthawi yopuma tinkakhala m'kachipinda kena momwe munali wailesi ya kanema yaing'ono. Tinalipo a ku Malawi, a ku Zambia, a ku Zimbabwe ndi a ku Nigeria, koma mafilimu oonera anali a mtundu umodzi basi: a ku Nigeria. Pa mapu Nigeria ili kutali ndi kwathu, ndikudziwa. Koma pabalaza pa Mmalawi ndi mnansi wa khomo loyang'anana, mnansi wa nyumba yaikulu ndi wailesi yaphokoso. Ngakhale ndisanachoke ku Limbe, ana anali atayamba kale kukuwa ndi kugwira pamutu ngati anthu a m'mafilimu amenewo. Inenso sindinama, ndinkawakonda. Apongozi ankhanza, asing'anga opaka choko kumaso, nyumba za mageti achitsulo, munthu unkaiwala kuti kunja kukuzizira.

Tsiku lina alamu anga anabwera kuchokera kumudzi ndi chimbale cha filimu ya Chichewa m'sutikesi, pakati pa ufa ndi tsabola wa kambuzi. Ndinapita nacho kuntchito ndikunyada. Titachiika, mawu a anthu ankamveka ngati ali m'chitsime, tambala wa pakhomo loyandikana ankalira kuposa mwini nkhani, kenako chithunzi chinangouma, mnyamata wina kukamwa kuli yasa. Anzathu a ku Nigeria anakhala chete mwaulemu. Amene anaseka mpaka kutsamwa ndi tiyi anali Mmalawi mnzanga, mayi Gondwe a ku Rumphi, amene ankasambitsa ndi kudyetsa okalambawo.

"Anaphiri, chotsani msanga," anatero. "Mukufuna alendowa adziwe kuti kwathu ngakhale tambala amapatsidwa gawo?"

Ndinachotsa chimbale changa. Kuyambira tsiku limenelo mayi Gondwe ndinkawapatsa moni ndi kukamba nawo za nyengo basi. Analinso ndi chizolowezi chofunsa: mumakhala ndi ndani, mapepala anu ali bwanji, mkamwini wanu amagwira kuti. Munthu wofunsa chonchi amakhala ndi kokatula.

2012, Bradford

Msana utayamba kukana mitolo ya mabulangete, ndinamva kuti ku Bradford kuli sitolo ya munthu wa ku Nigeria imene ikufuna telala. Ndinakwera sitima, ndinaonetsa msoko wanga, ndipo anandilemba tsiku lomwelo. Ndinapeza kanyumba ka lendi mwa nyumba zija zogundizana ngati mano: kachipinda kogona m'mwamba, balaza ndi khitchini pansi, ndi kabwalo kampanda waufupi kutsogolo. Chisomo anadandaula kuti ndikukakhala ndekha. Ine ndinati ndekha ndiye bwino, supuni ikasowa ndimadziwa wakuba. Patangopita miyezi yochepa ndinakumana ndi mayi Gondwe pokwerera basi, akuti nawonso asamukira ku Bradford. Ndinangoti, "Chabwino," ndipo pobwerera ndinagula loko wachiwiri.

Bwana watsopanoyu dzina lake anali Emeka, munthu wathupi, woseka ndi mimba yonse. Ankanditchula kuti Mama. Malipiro sankachedwetsa, ndipo chakudya chake ankadya nafe limodzi. Zimenezi zinkandidetsa nkhawa kwambiri. Bwana woipa umadziwa poima, koma bwana wabwino umangodikira tsiku.

Kutsogolo kwa sitolo kunali nsomba zouma, mafuta ofiira, ufa ndi tsitsi loikirira. Khoma lonse la kumanja linali zimbale za mafilimu a kwawo, kuchokera pansi mpaka kudenga. Nditapempha kwa nthawi yaitali, anandipatsa kashelefu ka pansi, pafupi ndi tsache, kuti ndiikepo za ku Malawi. Zimenezo zinkabwera m'masutikesi a anthu, lero ziwiri, kenako miyezi n'kumapita kuli zii. Amalawi ankalowa, kundipatsa moni wa Chichewa, kuweramira kashelefu kanga, kunena kuti, "Eee, zayamba kutuluka zakwathu, zikomo," kenako n'kugula za ku Nigeria kudzaza jumbo.

Tsiku lina ndinamufunsa bwana, m'Chingerezi changa chothyokathyoka, chimene chikulakwika ndi mafilimu athu.

"Mama," anatero, "anthu anu m'filimu amayankhula ngati akuopa kudzutsa mwana. Munthu akuuzidwa kuti mwamuna wake wakwatira wina, iye n'kungoyang'ana pansi! Azigwa, azigubuduka, azing'amba bulauzi. Woonera sanabwere kudzapumula."

"Kwathu woyang'ana pansiyo ndiye woopsa," ndinatero.

"Kamera siona za mumtima, Mama."

Anthu atasiya kugula zimbale n'kuyamba kuonera pa foni, Emeka sanakhale pansi kulira. Anagula kamera ndi nyale zowalitsira, anasonkhanitsa anyamata a kwawo, n'kuyamba kujambula mafilimu akeake konkuno, oika pa intaneti. Ine ndinachoka kuseri kwa sitolo n'kukhala woyang'anira zovala za ochita sewero. Ndinasoka mikanjo ya mafumu, ndinamanga mipango italiitali yonga denga la tchalitchi, ndinafooketsa dala misoko ya mabulauzi kuti asavute pong'amba. Ndinene zoona, anthu aja amagwira ntchito. Filimu yonse ankaimaliza sabata imodzi, kaya mvula kaya dzuwa, ndipo palibe ankadikira boma kapena mzungu kuti amuthandize. Chimene chinkandiwawa ndi ana athu. Anyamata ndi atsikana a ku Malawi ankabwera kudzapempha gawo, n'kupatsidwa la mlonda wa pageti kapena la wantchito wa m'nyumba, ndipo kamera ikangoyaka, lilime lawo linkapindika kukhala la ku Lagos. Mwana wa ku Kasungu, ine ndikumudziwa ndi amake omwe.

2016, Sheffield

Thoko, mwana woyamba wa Chisomo, anabwera kuno ali wamng'ono. Chichewa amamva chonse, koma poyankha amasakaniza. Anakaphunzira za mafilimu ku yunivesite ku Sheffield, ife tikuganiza kuti zimutha n'kukachita unamwino. Sizinamuthe. Atamaliza anandiitana kuchipinda chake cha pamwamba pa chitunda, kumene ndinafika ndili wefuwefu, n'kundiwerengera nkhani imene analemba. Inali ya mayi wa ku Malawi amene mwamuna wake wamwalira kuno, ndipo akudikira masabata kuti mtembo upite kumudzi, uku akupitabe kuntchito. Munalibe mfiti, munalibe poizoni. Munali kudikira basi, ndi anthu obwera kudzakhala naye. Anailemba m'Chichewa, amake akumukonzera.

"Agogo, ndikufuna anthu aone mmene ife timakhalira," anatero. "Koma kamera ndilibe. Muwalankhule a Emeka."

"Khasu lobwereka silichedwa kuguluka."

"Ndiye ndilime ndi zala?"

Ndinkadziwa kuti ndikakana, nkhani ija ifera m'kabati, ngati zina zambiri za ana a kwathu. Ndinkadziwanso kuti mwini kamera ndiye mwini diso. Pomaliza ndinapita. Emeka anavomera msanga kwambiri moti ndinayamba kukayikira. Anati abwereketsa kamera, nyale ndi anyamata ake awiri Loweruka lililonse. Filimu ikatha idzaikidwa pa tsamba lake la pa intaneti, kumene kumaonera khamu la anthu. Koma naye azipereka maganizo.

Maganizowo analowa pang'onopang'ono ngati chiswe. Loweruka lina anati mlamu wa mayi wamasiyeyo akhale wankhanza. Thoko anavomera. Lina anati pakhale mbama imodzi yokha. Thoko anakana, anakananso, kenako mbama inalowa. Lina anabwera ndi mnzake wopaka choko kumaso kuti akhale sing'anga. Apo Thoko analusa mpaka kulira, sing'anga anabwerera. Mwana anaonda. Mkati mwa sabata ankagulitsa khofi m'sitolo ina, Loweruka ankalimbana ndi Emeka. Ine ndinkasita zovala pakona, ndikuona filimu ya mdzukulu wanga ikuvala malaya a eni kamera limodzilimodzi.

2017, Bradford

Gawo lalikulu la filimuyo linali la siwa, ndipo limeneli Thoko anati sasintha ngakhale kadontho. Ankafuna maliro a kwathu enieni: mipando itulutsidwe, amayi akhale pansi m'nyumba atavala zitenje ndi maduku, abambo panja, nyimbo za m'buku zoimba mokoka. Nyumba yochitiramo inasowa, chifukwa palibe Mmalawi angalole bokosi la maliro m'nyumba mwake popanda womwalira. Inenso ndinakana. Koma nditaona mmene mafupa a m'khosi anatulukira pa mwana uja, ndinavomera, ndi malamulo anga. Bokosi lisalowe lopanda kanthu, chifukwa bokosi lopanda kanthu limaitana mwini wake, choncho ndinaikamo thumba la zigamba za nsalu. Ine pansi sinditsika, ndikhala m'mwamba ndi simbi yanga mpaka lituluke. Ndipo munthu asamve. Ndinasankha amayi ochepa a mpingo wina wa ku Leeds, amene sadziwana kwenikweni ndi a kuno, n'kuwalumbiritsa kuti asauze ngakhale amuna awo. Sindinkafuna kuti a ku Bradford azidzati Anaphiri akusewera ndi imfa.

M'mawa wa Loweruka limenelo anyamata anatulutsa sofa ndi tebulo kukaika pakabwalo ka kutsogolo. Mnyamata wojambula mawu analamula kuti mafoni onse azimitsidwe, yanga yomwe, chifukwa amasokoneza makina. Chitseko cha kumsewu chinasiyidwa chotsegula chifukwa cha mawaya. Thoko anauza amayi aja kuti aimbe osaleka mpaka iye atanena, kenako anadzitsekera m'khitchini ndi Emeka, akuonera zojambulidwazo pa kakanema kakang'ono.

Zotsatirazi ndinazimva pambuyo pake. A Chirwa, bambo wa ku Malawi woyendetsa takisi, anadutsa mumsewu wathu. Anaona sofa yanga panja. Anatsitsa galasi, anamva nyimbo. Anatsika kusuzumira pazenera, anaona amayi pansi ndi bokosi pakati. Mmalawi safuna kuuzidwa zoposa pamenepo. Anaimba foni yanga, yozima. Anaimbira Chisomo, amene anali pantchito kuchipatala ku Bolton, foni ili m'kabati. Ndiye analemba pa gulu la pa foni la Amalawi a ku Bradford kuti kwa Anaphiri kwagwa zovuta.

Inu obadwira kuno mwina simudziwa. Pamaliro a kwathu munthu sagogoda, sapereka moni, safunsa. Amavula nsapato, kulowa chowerama, kupeza pokhala, n'kulowa m'nyimbo. Amayi a ku Bradford anayamba kufika mmodzimmodzi, ena ndi yunifolomu ya kuntchito, chitenje pamwamba. Amayi a ku Leeds anaganiza kuti ndi ena amene ndinawaitana, n'kusendera kuti akhale. Anyamata a kamera anaganiza kuti Thoko waonjezera anthu. Thoko m'khitchini, poona nkhope zachilendo, anaganiza kuti ndaonjezera ndine, n'kusangalala. Abambo anadzaza sofa panja, mitu ili pansi. Amati safunsa anadya phula, koma tsiku limenelo tinadya tonse.

Ine m'mwamba ndinkangomva nyimbo ikukula, ndikuti amayi a ku Leeds awa ali ndi mapapo. Kenako panabuka kulira kumene si kwa sewero. Ndakhala m'masiwa ambiri, ndimakudziwa, kumachokera m'mimba. Ndipo kunali kutchula dzina.

"Anaphiri ine! Anaphiri, mwafera nokha m'nyumba ngati mulibe anthu! Bwanji simunanene kuti mukudwala, mayi inu? Bwanji simunkanena kanthu?"

Ndinaganiza kuti bokosi lija layankha, kuti mwina ndafadi ndili chiimire. Ndinadzitsina pamkono. Kenako ndinatsika masitepe, simbi ili m'manja, nsalu yoyera imene ndinkasita ili paphewa.

Woyamba kundiona anali mtsikana wina wa pafupi ndi khomo. Anakuwa. Nyimbo inadukira pakati pa liwu. Amayi anapanikizana pakhomo, wina anatuluka chokwawa, nsapato zinatsala mulu. Panja a Chirwa analumpha mpanda ngati mnyamata n'kugwetsa bini ya zinyalala ya aneba. Amene sanathawe anali mmodzi, amene anagwada atakumbatira bokosi: mayi Gondwe. Anandiyang'ana, nkhope yonse yonyowa.

"Ndinu amoyo?"

"Ndili moyo."

"Nanga muno muli ndani?"

"Zigamba."

Anakhala pansi, kenako anati, "Ndasiya nyemba pamoto chifukwa cha inu, mayi wouma mtima inu." Ndipo anayambanso kulira.

Kamera inali ikujambula nthawi yonseyi.

Lolemba lake Emeka anatiitana ine ndi Thoko kusitolo. Anationetsa zonse pa kompyuta yake, akuseka mpaka kupukuta misozi: ine ndikutsika ndi nsalu yoyera, amayi akuthawa, a Chirwa ali m'malere.

"Mama, zaka zonsezi ndakhala ndikulipira anthu kuti achite mantha, sanachitepo chonchi. Iyi ndiye filimu! Tisinthe nkhani. Womwalira akhale agogo, abwere ngati mzukwa kudzalanga amene anawapha. Africa yonse ionera. Mwana uyu atchuka sabata yomweyo."

"Anthu aja sanabwere kudzachita sewero," ndinatero.

"Tiwapatsa kangachepe, avomera. Koma nkhope yaikulu ndi yanu. Mukalola inu, onse alola. Mukakana, ine ndataya kale masiku ambiri pa filimu ya anthu ongokhala pansi. Kamera yanga nditenga."

Sananene mwaukali. Anali munthu wa malonda akunena za malonda, ndipo mwa njira yake ankamufunira Thoko zabwino. Ndinayang'ana mdzukulu wanga, ndikuyembekeza kuti alusa monga analusira za sing'anga. Ankangokanda tebulo ndi chala. Titatuluka panja anandigwira mkono.

"Agogo, ndatopa. Mwina tiyambe ndi imene akufunayo, anthu andidziwe. Yanga ndidzapanga pambuyo."

"Ndi kamera ya yani?"

"Ndiye mukufuna ithere pomwepa? Inu simukhulupirira munthu aliyense, n'chifukwa chake zonsezi zachitika!"

Ndinapempha bwana kuti andipatse masiku. Sabata yonse ndinkasoka msoko umodzimodzi n'kumauphwasula. Ndikavomera, mwana amaliza filimu, ntchito yanga ikhalapo, ndipo nkhalamba ngati ine kuchita mzukwa n'chiyani, ndatsala pang'ono kukhala weniweni. Ndikakana, ndamulanda mwana khasu m'manja munda uli pakati. Koma ndikatsinzina ndinkaona mayi Gondwe atakumbatira bokosi la zigamba, ndi anthu a m'mayiko ambiri akuwaseka pa mafoni, akubwereza pamene akukuwa dzina langa. Ndinkaonanso dzina la Thoko pamwamba pa filimu imene si yake, filimu yoyamba, imene anthu adzamudziwire mpaka kalekale. Akadzabwera ndi ya anthu ongokhala pansi, adzamufunsa kuti nanga mzukwa uli kuti.

Lachisanu ndinapita kusitolo ndi makiyi a kabati ya zovala, n'kuwaika patebulo.

"Bwana, nkhope yanga ayi. Za anthu aja ayinso. Mufufute ine ndikuona."

Anapukusa mutu. "Inu Amalawi mudzafa ndi ulemu wanu, mafilimu anu osaonedwa ndi munthu."

Koma anafufuta, ine nditaima kumbuyo kwake. Zimene anajambula kale za nkhani ya Thoko anamupatsa, sanamumane. Ngati anasunga kwina gawo la mzukwalo sindikudziwa, ndipo mpaka lero mwana akaseka pa foni ndimapita kukasuzumira. Makiyi anati nditenge, ntchito ilipobe. Ndinawasiya. Sindikanatha kumangira anthu ake mipango, mdzukulu wanga atalandidwa kamera chifukwa cha ine. Umo ndi mmene ndinapumira pantchito, popanda phwando.

Thoko sanandiimbire foni kuyambira Pasaka mpaka masamba a mitengo atayoyoka. Ndinkafunsa kwa amake. Amake ankangoti, "Musiyeni, amayi, akudya, akugona." Ine ndinkadziwa kuti akunama, chifukwa Chisomo akamanama amayankha msanga.

2019, Sheffield

Amene anautsanso nkhani anali mayi Gondwe. Anamva zonse, monga amamvera zonse, ndipo anakwera sitima kupita ku Sheffield kukamuuza Thoko kuti ngati akufuna siwa, anthu alipo, bola awauziretu kuti m'bokosi muli chiyani. Thoko anabwereka kakamera kakang'ono kwa mnzake wa kusukulu. Anajambula m'nyumba ya mayi Gondwe, chifukwa ine ndinati kwanga bokosi lidzalowanso kamodzi kokha. A Chirwa anabwera kudzakhala panja ndi abambo anzawo, koma anayamba alowa kukatsegula bokosi kuti aone okha. Ntchito inatenga nthawi yaitali, Loweruka apa, Loweruka apo. Mbama ija Thoko anaichotsa.

Anaionetsa masana ena m'holo ya tchalitchi ku Sheffield. Mipando sinadzaze. M'magawo ena munkamveka kulira kwa firiji. Ana anagona, ndipo bambo wina kumbuyo kwanga anafunsa mkazi wake kuti kodi iyamba nthawi yanji, filimu ili kale pakati. Sindikunamizani, ambiri mwa anthu amenewo atafika kunyumba anakatsegula za ku Nigeria, ndipo pa intaneti yathuyi anaionera ochepa. Ine ndinaima kumbuyo pafupi ndi khomo, ndikuyang'ana amene atuluke woyamba.

Litafika gawo la siwa, holo inati zii. Mayi wamasiye m'filimumo anangokhala, maso pansi, osagwa, osagubuduka. Kenako ndinamva mawu ena amene sankachokera m'makina. Amayi a m'holo anali atalowa m'nyimbo, chapansipansi, aliyense akuyang'ana kutsogolo. Thoko, amene anali chiimire pambali panga, anandifinya dzanja mpaka kuwawa.

"Agogo, akuimba."

"Ndikumva."

"Sindinawauze kuti aimbe."

"Pamaliro sauza munthu."

Pamapeto dzina lake linatuluka lokha, popanda la wina pamwamba pake.

Titatuluka mayi Gondwe anandipeza pakhomo, akukonza duku.

"Anaphiri, mwaona mmene ndalirira mopanda mchere? Tsiku lija kwanu ndiye ndinalira bwino. Mukanalola, bwenzi pano ndili wotchuka ku Lagos."

"Kulira kuja kunali kwanga," ndinatero. "Munalirira ine. Sindigulitsa."

Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi. "Mukadzafa zenizeni mudzachite kundiuza nokha. Apo ayi sindibwera."

Ndiye inu ana, mukamakamba nkhaniyi muziikamba yonse, osangoti a Chirwa anagwetsa bini. Muzinena kuti filimu ya Thoko inatha, ndipo ndi yake. Amene anabwera kudzandilira tsiku lija ndinawaona onse ndili pamasitepe, ndipo nsapato zawo ndinakabweza ndekha khomo ndi khomo. Amene anawerenga uthenga wa a Chirwa n'kukhala kunyumba, nawonso ndikuwadziwa.